Miyezi 23 pa Mzere wa Penshoni

Pa zaka 36 zomwe anagwira ntchito ya ulangizi wa zaulimi, bambo wina wa ku Mchinji anaphunzitsa alimi zinthu zambiri, koma chomwe ankabwereza kawirikawiri chinali chakuti feteleza wobereketsa amene wathiridwa chimanga chitamasula kale ngayaye ndi ndalama zotayika. Thumba ndi lomwelo, kulemera kwake ndi makilogalamu 50 omwewo, koma nthawi yake ikapita phindu lake limapitanso. Kumudzi kwawo palibe amene amawatchula dzina bambowa. Ana ndi akulu omwe amangoti Alangizi, ngakhale kuti njinga ya boma anaibweza kalekale. Anapuma pantchito kumapeto kwa Malichi 2022 atakwanitsa zaka 60, monga malamulo a anthu ogwira ntchito m'boma amanenera. Ndalama zawo zopumira zinalowa ku banki mu Febuluwale 2024, patatha miyezi 23.

Kuti munthu amvetse chomwe chimachedwetsa ndalamazi, ayenera kudziwa kaye komwe zimachokera. Lamulo la penshoni lomwe linayamba kugwira ntchito ku Malawi mu 2011 linanena kuti pa K100 iliyonse ya malipiro, wolemba ntchito azisonkha K10, wantchito K5, ndipo ndalamazo zizisungidwa m'thumba lapadera. Boma linalowetsa antchito ake mu ndondomekoyi mu 2017 pamene linakhazikitsa thumba la Public Service Pension Trust Fund, koma linalowetsamo okhawo omwe anali ndi zaka 35 kapena zocheperapo. Achikulire monga Alangizi anatsalira mu ndondomeko yakale. Mu ndondomeko imeneyi mulibe nkhokwe momwe ndalama za munthu zimasungidwa dzina lake litalembedwapo. Munthu akapuma, boma limatapa ndalama zake m'bajeti ya chaka chimenecho, mumphika womwewo momwe mukuchokera malipiro a aphunzitsi, mankhwala a m'zipatala, feteleza wotsika mtengo ndi chiwongoladzanja cha ngongole za boma. Wopuma pantchitoyo amalandira ndalama zambiri kamodzi, zomwe aliyense amazitchula kuti gratuity, kenaka kandalama ka mwezi ndi mwezi kwa moyo wake wonse.

Alipo ena amene amati popeza a ndondomeko yakale sankadulidwa kanthu pa malipiro awo, penshoni yawo ndi mphatso, ndipo wopatsidwa mphatso salamula tsiku. Maganizo amenewa ndi olakwika. Munthu amene anavomera malipiro ochepa a boma, nakhala m'nyumba yodontha kutali ndi msewu pamene anzake a kusukulu ankalowa ntchito m'makampani a fodya, anavomera kaamba ka lonjezo la penshoni. Ndi malipiro ake amene anasungitsa. Ngakhale m'mabuku a bajeti, ndalama za penshoni zimalembedwa m'gulu la ndalama zomwe lamulo limakakamiza boma kulipira.

Alangizi anali atakonzekera monga munthu wozolowera kalendala ya ulimi. M'kope la sukulu analembamo malata a nyumba yomwe inali itafika pa mtanda, ng'ombe ziwiri ndi ngolo, matumba 12 a feteleza, mpope wothirira kudimba ndi fizi ya mwana wawo wotsiriza yemwe anali atangoyamba kumene ku koleji. Pambali pa chinthu chilichonse panali mtengo wake wa mu Malichi 2022. Iwo ankadziwa kuti boma silithamanga, kotero anapereka miyezi isanu ndi umodzi kuti pofika Okutobala zonse zidzakhale zili m'malo mwake mvula isanagwe. Malipiro anaduka mwezi wotsatira. Nyumba ya boma anatulukamo kuti mulowe mnyamata yemwe anawalowa m'malo, ndipo iwo ndi mayi a kunyumba anakafikira m'nyumba ya udzu ya malemu amayi awo.

Fayilo ya munthu wopuma pantchito imayenda ulendo wautali. Imayambira ku ofesi komwe munthuyo amagwira ntchito, ipite kulikulu la unduna wake, idutse ku nthambi yoyang'anira antchito a boma, ikafike kwa Auditor General kuti awunike ngati zaka zogwira ntchito ndi malipiro zawerengedwa bwino, potsiriza kwa Accountant General amene amalipira ndalama zikapezeka. Sitepe iliyonse ili ndi chifukwa chake. Dziko lomwe mu 2013 linaona mabiliyoni akutuluka m'thumba la boma kupita kwa makampani omwe sanagulitse kanthu, pa chinyengo chomwe chinatchedwa Cashgate, silingalipire munthu aliyense wongobwera ndi pepala. Vuto lili pakuti fayilo ikaima pa sitepe ina, mwini wake sauzidwa.

Ya Alangizi inaima pa zinthu ziwiri. M'fayilomo munalibe kalata ya mu 1988 yowatsimikiza pantchito, ndipo chaka chobadwa chomwe chinalembedwa pa chiphaso chaunzika pa kalembera wa mu 2017 chinali chosiyana ndi cha m'fayilo. Palibe anawalembera kalata kapena kuwaimbira lamya. Anadziwa zimenezi pa mwezi wachisanu ndi chiwiri, atagulitsa matumba awiri a mtedza kuti apeze ya basi yopita ku Lilongwe. Kalata yosowayo inapezeka tsiku lomwelo atabwerera, m'sutikesi ya mayi a kunyumba, pakati pa makadi a sikelo a ana.

"Abambo, mukanandifunsa kale," anatero mayiwo. "Ine pepala la boma sinditaya."

Kukonzetsa chaka chobadwa kunatenga miyezi ina itatu. Zonse zitakwanira, mawu omwe ankamva anasintha. Poyamba ankauzidwa kuti fayilo ili ndi vuto, tsopano ankauzidwa kuti, "Bambo, zanu zonse zili bwino, tikungodikira ndalama. Muli pa mzere." Mzerewo sanauone ndi maso. Sanadziwe kuti patsogolo pawo pali anthu khumi kapena chikwi, kapenanso kuti mzerewo unayambira tsiku lomwe anapuma kapena tsiku lomwe kalata ya m'sutikesi inafika.

Ulendo uliwonse wa kulikulu unkadya tsiku lathunthu ndi ndalama zokwanira ndiwo za mwezi. Ankadzuka tambala woyamba, kukwera kabaza mpaka pamsewu waukulu, kenaka minibasi ya makilomita oposa 100. Panja pa ofesi ina mnyamata wovala bwino anawayandikira nawauza motsitsa mawu kuti, "Madala, fayilo siyenda yokha, imafuna mafuta." Alangizi anakana. Iwo eni amanena mosabisa kuti anakana pa zifukwa ziwiri, ndipo chachiwiri chinali chakuti m'thumba munali ya basi yokha. Madobadoba otere amapezeka paliponse pomwe anthu akudikira chinthu osadziwa malo awo pa mzere, chifukwa chomwe amagulitsa ndicho chidziwitso chomwe ofesi inayenera kupereka ulere.

Pa benchi yodikirirapo ndi pomwe Alangizi anamva mkangano womwe sautha kuuiwala. Panali mphunzitsi wamkulu wopuma, mesenjala wopuma, ndi mayi wina wamasiye yemwe mwamuna wake anali mlangizi wa zaumoyo ndipo anamwalira akadali pantchito. Onse ankavomereza kuti ndalama zomwe zimatuluka mwezi uliwonse sizikwanira aliyense. Ankasiyana pa funso lakuti ayambe ndani.

Mphunzitsi wamkulu uja ankati nkhaniyi ndi yosavuta: woyamba kupuma akhale woyamba kulandira, monga kuchigayo. Mesenjala anapukusa mutu. "Aphunzitsi, kuchigayo munthu wa kambale kamodzi amamulola kudutsa wa matumba khumi. Ndalama za bwana mmodzi wamkulu zikhoza kutilipira amesenjala makumi awiri. Bwanayo ali ndi nyumba yochititsa lendi, ine ndilibe ngakhale nkhuku." Mphunzitsi anayankha kuti ngati ang'onoang'ono azidutsa mwezi uliwonse, ndiye kuti wa ndalama zochulukirapo sadzafika ku chigayo, popeza amesenjala atsopano amapuma mwezi ndi mwezi. Mayi wamasiye uja sanalankhule kwa nthawi yaitali. Kenaka anati, "Inu abambo mukukangana muli moyo. Ine mwini ndalama ali kumanda, ndipo abale ake akuganiza kuti ndinalandira kale ndikubisa."

Onse atatu anali ndi mfundo, ndipo n'zosatheka kukonza mzere wokomera aliyense. Komabe pali zinthu zomwe siziyenera kuvuta. Mzere uyenera kuwerengedwa kuyambira tsiku lomwe munthu anapuma kapena kumwalira, osati tsiku lomwe fayilo yake inakwanira, chifukwa wosunga fayilo ndi wolemba ntchito. Kalata ikasowa m'kabati ya boma, si chilungamo kuti wobwerera kumbuyo akhale mwini fayilo. Odwala kwambiri ndi amasiye omwe ali ndi ana a sukulu angathe kudutsa, koma lamulo lowadutsitsa lilembedwe ndipo lidziwike, kuti lisasanduke khomo la achibale a mabwana. Chachikulu pa zonse, mndandandawo uwonekere. Pa zimenezi Alangizi amalankhula ngati katswiri. Ndondomeko ya makuponi a feteleza itayamba mu 2005, iwo anaona midzi ikugawikana kaamba ka mayina olembedwa m'nyumba usiku. Pomwe mayina ankawerengedwa pabwalo, pamaso pa mfumu ndi anthu onse, madandaulo sankatha, koma aliyense ankadziwa amene walandira ndi chifukwa chake. Ngati mlangizi wa kumudzi ankakwanitsa kuwerenga mayina pansi pa mtengo, palibe chomwe chingalepheretse kupachika pa bolodi ya khonsolo iliyonse pepala lonena kuti mwezi uno akulipidwa omwe anapuma mwezi wakutiwakuti.

Mzere wobisika umakomera amene ali pafupi ndi amene ali ndi mawu. Wokhala mu mzinda angathe kupita ku ofesi sabata iliyonse mpaka nkhope yake kuzolowereka. Gulu nalo limamveka kuposa munthu mmodzi. Omwe anali a Malawi Young Pioneers, omwe analandidwa zida mu Disembala 1993, anakhala akupempha ndalama zawo zaka zoposa makumi awiri, ndipo nkhani yawo inamveka kwambiri pamene ena mwa iwo anakamanga misasa pa chipilala cha chikumbutso ku Area 18 mu Lilongwe mu 2017. Mlangizi wopuma wa kumalire a dziko alibe gulu lomanga nalo msasa, ndipo akachoka pakhomo sabata imodzi dimba limauma.

Anthu amati ngongole siwola, koma ya makwacha imawola. Pamene Alangizi ankapuma, dola imodzi ya ku America inkagulidwa ndi ndalama zopitirira pang'ono K800 ku banki. Mu Meyi 2022 kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti, ndipo mu Novembala 2023 inatsitsidwanso ndi 44 peresenti, dola n'kufika pa K1,700. Feteleza, mafuta a galimoto, mpope wothirira ndi chitsulo chopangira malata zonse zimachokera kunja. Ndalama zomwe zinalowa ku banki mu Febuluwale 2024 zinali zomwe zinawerengedwa pa malipiro a mu 2022, osawonjezerapo tambala ya kuchedwa. Pa pepala boma linalipira zonse. Pamsika, zinthu zochokera kunja zomwe ndalamazo zikanagula zinali zitatsika ndi pafupifupi theka.

Komanso ndalamazo zinapeza eni ake ena akuzidikira. Dzinja loyamba Alangizi anakongola ku banki mkhonde ya mayi a kunyumba. Dzinja lachiwiri, fizi itafunika, anapita kwa wakatapila wa pamsika, munthu yemwe iwo eni anamuphunzitsa kulima soya. Wakatapila amakonda munthu wodikira penshoni chifukwa amadziwa kuti ndalama zidzabwera ndithu, ndipo mwezi uliwonse wochedwa ndi phindu kwa iye. Atabweza zonsezi, m'kope muja munatsala malata ndi fizi. Ng'ombe, ngolo ndi mpope anazidula ndi cholembera. Mpopewo ndi womwe umawapweteka mtima, pakuti chaka chimenecho kunachita ng'amba ya El Niño ndipo amene anali ndi chothirira kudimba ndiwo anapulumuka.

Pali chinthu china chomwe ogwira ntchito za chitukuko m'midzi ayenera kuchiganizira. Pa miyezi 23 yonseyo, mudzi unkawaona Alangizi ngati munthu wopeza bwino. Polemba mayina a olandira feteleza wotsika mtengo kapena thandizo la chakudya, dzina lawo silinkatchulidwa n'komwe, popeza "awo anadya za boma." Pamaliro ankayembekezeka kupereka chipepeso chachikulu. Iwo sakanaimirira pabwalo kunena kuti kunyumba kwawo akudya kamodzi pa tsiku. Munthu amene waphunzitsa mudzi wonse kasungidwe ka chimanga savomera msanga kuti nkhokwe yake ilibe kanthu. Makomiti a m'midzi akamaunika mabanja ovutika, ndi bwino kufunsa mwakachetechete ngati wopuma pantchito wa m'mudzimo anayamba kulandira. Kawirikawiri pakhomo pa munthu wotere pamakhalanso adzukulu amasiye omwe abale anawatula poganiza kuti pali ndalama.

Kutsidya kwa malire, ku Chipata, Alangizi ali ndi msuweni wawo yemwe anali mphunzitsi. Nayenso anadikira ndalama zake nthawi yaitali, pakuti dziko la Zambia lakhalanso ndi mzere wautali wa opuma pantchito. Kusiyana kwake kunali kumodzi. Malamulo oyendetsera dziko la Zambia omwe anasinthidwa mu 2016 ananena mu gawo 189 kuti ndalama za penshoni zizilipidwa msanga, ndipo ngati munthu sanalipidwe pa tsiku lake lotsiriza, asiye ntchito koma dzina lake likhalebe pa mndandanda wa malipiro kufikira atalandira. Lamuloli silinathetse mavuto onse, ndipo makhoti a kumeneko akhala akuweruza milandu yofuna kudziwa ndalama zomwe lamuloli likukhudza. Koma msuweniyo sanapite kwa wakatapila. Chofunika kwambiri n'chakuti lamulo lotere limasamutsa ululu wa kuchedwa. Fayilo ikagona m'kabati, wotaya ndalama mwezi uliwonse amakhala wolemba ntchito, yemwe ali ndi mphamvu yoitulutsa. Ku Malawi, pa nkhani ya Alangizi, kuchedwa sikunatayitse boma kanthu. Kunalipeputsira ngongole, popeza linabweza ndi kwacha yopepuka.

A ku Zimbabwe amadziwa kumene njira imeneyi imathera. Mitengo ya zinthu itakwera mosaneneka mpaka 2008, ndipo dziko litayamba kugwiritsa ntchito dola ya ku America mu 2009, anthu ambiri omwe anasonkha zaka makumi atatu anapeza kuti penshoni yawo yasanduka ndalama zosakwanira kanthu. Pakati pawo panali ana ndi adzukulu a anthu ochokera ku Malawi, Zambia ndi Mozambique omwe anagwira ntchito m'migodi ndi pa njanji. Boma la kumeneko linachita kukhazikitsa bungwe lofufuza mu 2015, lotsogozedwa ndi woweruza milandu wopuma George Smith, koma ambiri mwa okhudzidwa anali atamwalira kale.

Munthu wodikira sali wopanda chogwira konse, ngakhale Alangizi anazindikira zimenezi mochedwa. Gawo 43 la malamulo oyendetsera dziko la Malawi limapatsa munthu aliyense ufulu wouzidwa zifukwa, molemba, ofesi ya boma ikachita chinthu chokhudza ufulu kapena zoyembekezera zake zovomerezeka. Lamulo lopatsa anthu mwayi wopeza nkhani za m'maofesi a boma linayamba kugwira ntchito mu Seputembala 2020. Ofesi ya Ombudsman imalandira madandaulo a kuchedwa ndi kusalabadira kwa maofesi a boma popanda malipiro. Kalata yolembedwa, yokhala ndi tsiku ndi nambala ya ntchito, yomwe mwini wake wasungako ina yodindidwa, imalemera kuposa maulendo asanu ongokafunsa pakamwa. Kwa amasiye njira ndi yotalikirapo, chifukwa ndalama za womwalira wosasiya wilo zimadutsa kwa bwanamkubwa wa boma kapena ku ofesi ya Administrator General zisanagawidwe. Lamulo la chuma cha masiye la mu 2011 limaika patsogolo mkazi kapena mwamuna wotsala ndi ana, ndipo kulanda chuma cha masiye ndi mlandu. Mayi wa pa benchi uja sankadziwa zimenezi, ndipo ndi mphunzitsi wamkulu uja amene anamulembera kalata yake yoyamba, atatsamiritsa pepala pa bondo.

Achinyamata omwe ali m'thumba latsopano la mu 2017 asaganize kuti nkhaniyi siikuwakhudza. Thumba losonkha limathandiza pokhapokha ndalama zodulidwa pa malipiro zikamatumizidwadi ku thumbalo mwezi ndi mwezi, pamodzi ndi gawo la wolemba ntchito. Pepala la malipiro limaonetsa kuti munthu wadulidwa. Silionetsa kuti ndalamazo zafika. Njira yodziwira ndi kupempha sitetimenti ya ku thumbalo chaka chilichonse n'kuiyerekeza ndi mapepala a malipiro.

Masiku ano alangizi achinyamata a zaulimi, a zaumoyo ndi aphunzitsi a pa sukulu yoyandikana nawo amabwera kwa Alangizi kudzafunsa za mbewu ndi za matenda a nkhuku. Asanachoke, iwo amawafunsa ngati ali ndi kalata yowalemba ntchito, yowatsimikiza, ndi makalata onse okwezedwa pa udindo, ndipo amawauza kuti awajambulitse kawiri, ena asunge kunyumba kwa makolo. Amawauzanso kuti akapemphe kuona fayilo yawo ku ofesi zaka ziwiri asanapume, osadikira kalata yotsanzika. Ambiri amaseka n'kunena kuti, "Agogo, ife kupuma kuli kutali." Mtsikana wina wa zaumoyo anamvera. Atakayerekeza chiphaso chake chaunzika ndi fayilo ya ku ofesi, anapeza kuti dzina la bambo ake linalembedwa mosiyana ndipo chaka chobadwa chinasiyana ndi zaka ziwiri. Wayamba kale kulemba makalata okonzetsa, ndipo kwatsala zaka 27 kuti apume.